Wobwerekedwa ku Kabudula

A Henderson Kapalamula anabwera ku Kabudula ngati munthu wobwerekedwa. Anali mlangizi wa ziweto wa boma, wobadwira ku Neno, ndipo ntchito anayambira ku chigwa cha Shire, kufupi ndi Ngabu, kumene ng'ombe zimachuluka kuposa mithunzi yoti zibisalemo. Bungwe lina lakunja linayambitsa pulojekiti ya ng'ombe zamkaka m'midzi yozungulira Kabudula, ndipo linapempha boma kuti liwathandize ndi munthu wodziwa matenda a ziweto. Mgwirizano unali wosavuta kumva: bungwelo liziwalipira, dipatimenti yawo iziwasungira malo, ndipo pakatha zaka ziwiri abwerere kumene anachokera.

Zaka ziwirizo zinatha. Pulojekiti inawonjezeredwa nthawi, kenaka inawonjezeredwanso, ndipo ulendo uliwonse akuluakulu a bungwelo ankawatsimikizira kuti za kuboma akonza okha. A Henderson ankakhulupirira. Anali munthu wa m'makola, wozolowera kuti chinthu chikavuta chimaoneka: ng'ombe imasiya kudya, maso amachita misozi. Sankadziwa kuti m'maofesi zinthu zimadwala mwakachetechete. Akuluakulu amene anawatumiza anasamutsidwa, ena anapuma pantchito, ena anamwalira, mpaka ku dipatimentiko sikunatsale munthu wokumbukira nkhope yawo.

Iwo sanazione zimenezi chifukwa maso awo anali kwina. M'gulu la alimi a mkaka munali mayi wina, Tabita, mphunzitsi wa Sande sukulu, amene ng'ombe yake inadwala chigodola chaka choyamba cha pulojekiti. A Henderson atabwera ndi jakisoni, anaigwira mphuno mwankhanza monga ankagwirira ng'ombe za kuchigwa. Tabita anawakalipira ali kunja kwa khola.

"Bambo, imeneyo si ng'ombe ya boma. Ili ndi mwini wake, ndipo mwini wakeyo akukuonani."

Ng'ombe inachira. A Henderson anapitiriza kubwera kudzaiyendera kwa miyezi yambiri ilibe vuto lililonse, mpaka anthu a m'mudzimo anayamba kufunsana ngati chigodola chimatha n'komwe.

A Henderson ndi Tabita anakwatirana ku tchalitchi, ndipo mwamunayo analowa chikamwini monga mwa mwambo wa kumeneko. Anamanga nyumba kuseri kwa nkhokwe ya apongozi awo, aNachisale, amayi a Tabita, ndipo anapatsidwa munda woti azilima ndi mkazi wawo. Mabanja ambiri masiku ano anasiya zopewana pakati pa mkamwini ndi apongozi aakazi, koma aNachisale anali a kale, ndipo a Henderson sanaone chifukwa chowasinthira. Akaonana patali m'njira, mmodzi ankapatukira m'chimanga. Sankadyera pamodzi, sankayang'anana kumaso, ndipo uthenga uliwonse unkadutsa mwa Tabita. Mlendo akanaganiza kuti anthuwa amadana. Koma aNachisale ankadziwa kuti mkamwini wawo sadya therere lothira soda wambiri, ndipo ankamuphikira lakelake. A Henderson ankazindikira chifuwa cha apongozi awo pakati pa zifuwa zonse za m'mudzi, ndipo denga la nyumba yawo ankalikonza Lachinayi, gogoyo ali ku Chigwirizano cha amayi, kuti asachite manyazi kupeza mkamwini ali pamwamba pa mutu wawo.

M'banjamo munabadwa mwana mmodzi yekha, Febe. Atayamba kuyankhula bwino, anatenga ntchito ya amayi ake yonyamula mauthenga, ndipo ankaigwira mowonjezera zakezake.

Febe ali sitandade 3, Tabita anadwala m'nyengo ya dzinja, ndipo chimanga chisanache anamwalira. Chaka chomwecho pulojekiti inatsekedwa. A Henderson anavala tayi, nakwera galimoto kudzera pa Nsaru kupita ku Lilongwe kukanena kuti abwerera. Kalaliki amene anawalandira anafufuza pakompyuta kwa kanthawi, kenaka anawayang'ana mwachifundo.

"Bambo, kuno mulibeko. Zikuoneka kuti simunabwerere nthawi yanu itakwana, ndiye anakuchotsani ngati munthu wothawa ntchito. Malo anu analowapo wina kalekale."

"Wothawa? Ndinathawira kuti, poti ndinali komwe munanditumiza?"

"Ine sindinakutumizeni, bambo. Nthawi imeneyo ndinali ku sekondale."

Umu ndi mmene mlandu unayambira ku khoti loona za anthu apantchito. Loya wawo, mayi Talandira Gomani, anawachenjeza kuti milandu yotere imayenda pang'onopang'ono, ndipo sananame. Tsiku lina woweruza anali ku msonkhano, tsiku lina loya wa boma anali ku maliro, tsiku lina mbali ya boma inapempha nthawi yofufuza. A Henderson ankabwerera ku Kabudula tayi ili m'thumba. Pakati pa maulendowa ankadzithandiza ndi kubaya ng'ombe za anthu ndi kulima munda umene ankalima ndi malemu.

Anthu ankawamvera chisoni chifukwa cha kuchedwako, osadziwa kuti mwini wake sikunkamupweteka monga ankaganizira. Kumudzi kunali nkhani ina imene inkayembekezera kutha kwa mlandu. Mkamwini mkazi wake akamwalira, maliro akatha ndipo anthu ameta, abale a mkaziyo amamukhazika pansi tsiku lina, namuthokoza, namusudzula. Ndiko kunena kuti amamumasula: abwerere kwawo, akwatire ngati afuna. Ana amatsala, chifukwa ndi a mbumba ya amayi awo, ndipo wowayang'anira ndi malume wawo. Malume wa Febe anali a Fabiano, mchimwene wa Tabita, mlimi wa fodya wosunga matenanti angapo, munthu wosakonda nkhani zosatha. Koma aNachisale anali atanena kuti munthu sasudzulidwa ali ndi mlandu pamutu, ndipo a Fabiano anamvera. Choncho ulendo uliwonse woweruza akati mlandu waimitsidwa, a Henderson ankatuluka m'khoti ali ndi miyezi ina yogona nyumba imodzi ndi mwana wawo. Ankadandaula pamaso pa loya, monga zinayenera, koma pobwerera ankagulira Febe mabanzi pa Nsaru ndi mtima wopepuka.

Tsiku limene anapereka umboni wawo, loya wa boma anali mnyamata waulemu koma wolimbikira.

"Bambo Kapalamula, munkadziwa kuti zaka ziwiri zatha?"

"Ndinkadziwa, bwana."

"Nanga bwanji simunabwerere?"

"Palibe anandiitana."

"Kodi ndinu mwana woti azichita kukuitanani?"

"Ayi, bwana. Koma sindinapite ndekha. Anachita kundipereka. Ndikanangonyamuka osaitanidwa, a pulojekiti akanati ndathawa. Lero inu mukuti ndinathawa chifukwa chosanyamuka. Ndiye sindikudziwa kuti ndikanaima pati."

Loyayo anafunsa mafunso ena ambiri, ndipo ena a iwo anali oluma: ngati zaka zonsezo anapitako ku likulu kukafunsa za malo awo, ngati sikunali kukoma kwa malipiro a bungwe kumene kunawaiwalitsa kwawo. A Henderson anavomera kuti sanapiteko. Za malipirozo anangoti anali ndi banja.

Chigamulo chinatuluka Febe ali sitandade 6. Khoti linapeza kuti dipatimentiyo sinawaitanepo, sinawachenjezepo, ndiponso sinawauzepo kuti yawachotsa. Munthu amene unamubwereketsa, ndipo sunamuitanitse kapena kumutsazika, akadali wako. Linalamula kuti abwezeredwe pa ntchito imene anaisiya, ndipo akayambe kumayambiriro kwa mwezi wotsatira. Mayi Gomani anawagwira dzanja pakhonde la khoti, nkhope ili yowala.

"Mayi," anatero a Henderson, "ndiye ntchitoyo ndikagwirira kuti?"

"Kumalo anu, bambo. Ku Ngabu."

"Sangandisiye ku Kabudula konkuja? Ng'ombe ziliko."

"Ife tinapempha kuti akubwezereni malo anu, ndipo atipatsa zimene tinapempha. Za kusamutsidwa mukapemphe mutayamba ntchito. Koma ndisakunamizeni, anthu amene mwangowagonjetsa kumene sathamangira kukuchitirani chifundo."

Uthenga woti apambana unafika kumudzi pafoni iwo ali m'njira. Amayi a Chigwirizano anali atapempherera mlanduwu zaka zitatu, ndipo ankauona ngati wawo. Galimoto itawatsitsa, anawalandira ndi nthungululu, ena akuyala zitenje m'njira. Kwa anthuwa a Henderson anali dokotala wa ng'ombe wa pamudzi pawo, ndipo kupambana kunkatanthauza chinthu chimodzi chokha: boma lavomera kuti munthuyu ndi wawo, azigwira ntchito pompano ndi njinga yamoto ya boma. Sizinawadutse m'maganizo kuti angakhale ndi kwina kobwerera. Tambala anali ataphedwa kale. ANachisale anakhala kuseri kwa nyumba yawo, ndipo anatuma Febe kukauza abambo ake kuti Mulungu sagona.

Amuna atakhala pansi kudya, a Fabiano anafunsa mosangalala.

"Ndiye alamu, ofesi akupatsani pati? Pa Nsaru kapena pompano?"

A Henderson anasamba m'manja ngakhale anali asanamalize kudya.

"Ku Ngabu, alamu. Kumene ndinachokera."

Mayi wina amene ankabwera ndi madzi anabwerera nawo, ndipo posakhalitsa kuseri kwa nyumba kumene kunali phokoso la akazi kunangoti zii.

Kukana ntchitoyo sikukanathandiza. Mlandu unali utatha, choncho tsiku losudzula linali pafupi, kaya apite ku Ngabu kaya asapite. Akanakana, akanachoka m'mudzimo opanda ntchito ndiponso opanda mwana. Akavomera, achoka ndi ntchito yokha. Kwa masiku angapo ankadzuka m'mawa, kudula nsenjere, kukama ng'ombe ya malemu, osayankhula zambiri. Febe ankagwira chidebe. Anali atafika msinkhu umene mwana amamva zonse koma akuluakulu amaganiza kuti sakumva.

"Ababa, ku Ngabu kuli sukulu?"

"Iliko."

"Ya sitandade 6 iliko?"

"Iliko, mpaka 8."

"Akuti kumatentha moti dzira limapsa pamwala."

"Akunama. Limangofunda."

Mwanayo anaseka pang'ono, kenaka anayang'ana m'chidebe. "Amalume akuti ine nditsala."

A Henderson anapitiriza kukama mpaka mkaka unasiya kutuluka, ndipo anapitirizabe.

Msonkhano unachitika Loweruka masana m'chigafa cha a Fabiano, fodya atachoka kale. A Henderson anabwera ndi a Filipo, mkulu wa mpingo amene anawaimira ngati nkhoswe pa ukwati wawo, popeza abale awo anali kutali. ANachisale anakhala pamphasa kunja kwa chigafa, atafulatira, moti mkamwini wawo ankangoona mpango wa kumutu kwawo.

A Fabiano anayankhula bwino, ndipo ziyenera kunenedwa kuti sanali munthu woipa. Anathokoza alamu awo chifukwa chosunga mlongo wawo mpaka tsiku lomaliza, chifukwa chosamenya, chosaledzera, chosanyoza mudzi. Anati nkhanza zingakhale kumusunga munthu wamphamvu zake pakhomo pa maliro mpaka kalekale. A Filipo anayankha mwamwambo, kenaka anati mnzawoyo ali ndi pempho limodzi.

"Ndikupempha mwana," anatero a Henderson. "Ndikudziwa kuti ndi wanu. Sindikutsutsa. Koma ndilibe wina."

"Alamu, ine ndikumva," anayankha a Fabiano. "Koma taganizani. Mtsikanayu watsala pang'ono kukula. Tsiku limenelo likadzafika, adzathamangira kwa ndani? Kwa inu? Inu muzikakhala ku dibi kosambitsa ng'ombe tsiku lonse. Ndipo tikakusudzulani mukakwatira, ndi ufulu wanu. Mwana wa Tabita azikatsuka mbale za mkazi wina kudziko kumene ife sitingamve kulira kwake? Munda wa amayi ake uli pano. Manda a amayi ake ali pano. Munthu wosudzulidwa sachoka ndi mwana, alamu. Sindinayambitse ine zimenezi."

Zonsezi zinali zoona. A Filipo anayang'ana pansi. Ndipo mawu anachokera kunja kwa chigafa, olunjika kwa a Fabiano, popeza gogoyo sakanayankhula ndi mkamwini.

"Fabiano."

"Amayi."

"Wakuuza ndani kuti lero tikusudzula munthu?"

"Amayi, si zimene tinagwirizana? Munati mlandu ukatha."

"Ndinati sitingasudzule mlandu usanathe. Sindinati ukatha tisudzula. Iwe ukunena zoona kuti wosudzulidwa sachoka ndi mwana. Nanga wosasudzulidwa? Mkamwini wa pamudzi pano akapita kukagwira ntchito kutali, nyumba yake ili chiimire kuseri kwa nkhokwe yanga, amaletsedwa kutenga mwana wake? Uja wa kwa azakhali ako anapita ku Kasungu ndi ana atatu, unamuletsa?"

"Ujayo mkazi wake ali moyo."

"Wanga mwana anamwalira, inde. Usandikumbutse, ndinaliko. Koma bambowa sanandilakwire, ndipo ine sindinatope nawo."

A Fabiano anavula chipewa n'kuchivalanso. "Amayi, mukudziwa chimene mukuchita? Mukummanga munthu. Wosasudzulidwa sangakwatire. Azikakhala yekha kuchigwako, kuphika yekha, kuchapa yekha, chifukwa cha inu."

"Afunseni eni ake. Ali pomwepo, ndikumva kupuma kwawo."

A Filipo anatembenukira kwa mnzawo. A Henderson anayankhula akuyang'ana mzati wa chigafa.

"A Filipo, muwauze amayi kuti kuphika ndimatha."

"Muwauze kuti ndikudziwa mmene amaphikira," anatero aNachisale, "n'chifukwa chake ndamuphunzitsa Febe. Muwauzenso izi. Sukulu ikatsekera, mwana azibwera kuno. Akadzakula, abwere naye kwa ine sabata yomweyo, asadzatume anthu achilendo kuti amulangize. Ndipo tsiku limene mtima wawo udzafune mkazi, asadzachite mobisa. Adzabwere, tidzawasudzule mwaulemu, ndipo za mwana tidzakambirana tsiku limenelo. Lero ayi."

Mwini mbumba anali a Fabiano, ndipo akanatha kukana. Koma kukana kukanatanthauza kuthamangitsa mkamwini amene amayi awo omwe akuti akumufunabe, ndipo pamudzi palibe amene akanawamvetsa.

"Denga la nyumba yawoyo azidzafolera okha," anatero pomaliza. "Ine ndili ndi zigafa zanga."

Sikuti aNachisale anaphwanya mwambo. Anangoona kuti mwambowo umanena zochita pomasula munthu, koma sukakamiza kumumasula. Mtengo wake unagwera anthu awiri: mwamuna amene anavomera kukhala wamasiye kwa nthawi yosadziwika, ndi gogo amene anadzichotsera yekha mdzukulu mmodzi yekhayo wa mwana wake wamkazi. Za mtengo wachiwiriwu palibe anayankhulapo m'chigafamo, ndipo mwini wake sakanalola.

Masiku otsalawo anatha ndi zokonzekera. Ng'ombe inapita ku khola la a Fabiano, amene anadandaula za nsenjere koma anaimangira mthunzi watsopano. Akazi awo a Fabiano, poona kuti kuchigwako kulibe mlongo kapena azakhali, anakhazika a Henderson pampando masana awiri n'kuwaphunzitsa kuluka tsitsi la mwana, ana a matenanti atazungulira akuseka zala zazikulu zozolowera zingwe za ng'ombe. Tsiku la ulendo a Fabiano ananyamula chikwama cha Febe panjinga mpaka pamsewu.

"Alamu, mwanayu akadzabwera atawonda, mudzandipeza," anatero akukweza katundu.

"Akadzabwera atanenepa?"

"Ndidzati ndi magazi a kwathu."

Ku Ngabu anawapatsa nyumba ya zipinda ziwiri pafupi ndi dibi. Munthu amene analowa malo awo anasamutsidwira kwina, ndipo anzake a munthuyo sanafulumire kuwakonda a Henderson. Pempho lawo loti asamutsidwire ku Kabudula analipereka mwezi woyamba, ndipo mpaka pano likuyembekezera yankho. Febe anadwala malungo kamodzi, anadandaula za kutentha kwa milungu ingapo, kenaka anapeza anzake ndipo anayamba kubwera kunyumba ndi mawu a Chisena.

Lamlungu lawo loyamba kumeneko, a Henderson anadzuka molawirira, nakhazika mwanayo pakhonde, nayamba kuluka monga anaphunzitsidwira. Zinatenga nthawi yaitali, ndipo mizere inatuluka yokhota, wina wonenepa, wina wowonda, wina wothera panjira pamwamba pa khutu. Pakhomo la tchalitchi amayi awiri anamuyang'ana mtsikanayo, nayang'anana. Mmodzi anamukokera pambali mwachifundo.

"Mwanawe, wakuluka ndani? Bwera kuseri kuno ndikukonze msanga, mapemphero asanayambe."

Febe anagwira kumutu kwake ndi manja onse awiri.

"Ayi, zikomo amayi. Zisiyeni choncho. Ndi ababa, akuphunzira."